Mwana amene ndikumusunga amauza anthu kuti kwawo ndi ku Dowa: ndimuthandize bwanji?

Nangondo wa ku Zingwangwa:
Abale anga apagulu pano, ndabwera ndi nkhani imene ikundisowetsa tulo. Ndikupempha kuti tikambirane mwaulemu chifukwa ikukhudza mwana wa munthu. Dzina lake sinditchula, sukulu yakenso sinditchula.

Pakhomo panga ndikusunga mtsikana wa zaka 20. Anabadwira ku Uvira, m'dziko la Congo. Anathawa nkhondo ali wamng'ono pamodzi ndi mayi ake ndi alongo ake awiri, kudzera ku Tanzania, kulowa pa Songwe, kukhalako pang'ono ku Karonga, kenako ku kampu ya othawa kwawo ya Dzaleka, m'boma la Dowa. Bambo ake sakudziwika komwe ali mpaka lero. Pulayimale ndi sekondale waphunzira ku kampu komweko, MSCE anakhoza bwino, ndiye anapeza thandizo loti adzaphunzire zowerengera ndalama pa koleji ina muno mu Blantyre. Kalata yomulola kukhala kunja kwa kampu ali nayo. Anabwera kwa ine kudzera kumpingo, poti ana anga onse anakula ndipo chipinda chimangokhala.

Mwanayu ndi waulemu, wakhama, sindimuuza ntchito. Koma anthu akamufunsa kwawo amati ku Dowa, basi. Chichewa chake ndi cha ku Dowadi, palibe angamukayikire. Mayi ake akaimba foni tili m'minibasi amaidula, kudikira tikafike kunyumba, adzitsekere kuchipinda, ndiye ayambe Chiswahili monong'ona. Anzake akukoleji palibe akudziwa. Tsiku lina tikuphika pamaliro, amayi ena anamufunsa mocheza kuti, "Kodi iwe ndiwe Nabanda kapena Naphiri?" Anasiya mthiko n'kupita kuseri kwa nyumba. Ndinamupeza akulira.

Ndiye ndikufunsa: ndimulimbikitse kuti azinena poyera chimene iye ali, kapena ndimusiye azibisa? Mtima ukundipweteka kuona mwana akuchita manyazi ndi chilankhulo cha mayi ake.

Nasibeko Bangwe:
Amayi, choyamba Mulungu akudalitseni. Mwana wa mnzako ndi wako yemwe. Koma musamukakamize. Iye akudziwa zimene waona, ife sitikudziwa.

Achisale Ndix:
Ine ndiyankhula zimene ambiri pano akuganiza koma sanena. Lamulo likuti othawa kwawo azikhala ku Dzaleka. Ndili ndi okala ku Ndirande kuno, ndipo ndikudziwa mmene zinthu zinalili maburundi atadzaza m'misika. Iwo amagula katundu limodzi pagulu, mtengo n'kutsika, ife tikungoyang'ana shuga wathu akuuma pa shelefu. Ena amapita mpaka kumidzi kukagula soya ndi mtedza alimi asanakolole n'komwe. Ana athu omwe ali ndi MSCE akungokhala, kuthandizidwa ayi. Wobwera ndiye alipiriridwe koleji? Sindikudana ndi mwanayo, koma tiyambe taona kaye athu.

Nangondo wa ku Zingwangwa:
Achisale, mwanayu si wa ku Burundi, ndipo sagulitsa shuga. Ndalama ya sukulu yake sichokera m'thumba la boma lathu.

Naphiri wa ku Limbe:
Ndiloleni ndiike nkhani ya malamulo pamalo pake, chifukwa ambiri timangomva pawailesi.

Zoti lamulo limafuna kuti azikhala ku kampu, a Chisale akunena zoona. Dziko lathu linavomera pangano la United Nations la 1951 lokhudza othawa kwawo m'chaka cha 1987, koma linakana kumangidwa ndi mfundo zingapo za m'panganolo: ufulu woyenda ndi kukhala kumene munthu wafuna, ufulu wolembedwa ntchito, kukhala ndi katundu monga malo, maphunziro a m'sukulu za boma, ndi kupatsidwa unzika. Lamulo lathu la othawa kwawo ndi la 1989, linalembedwa nthawi ya anzathu a ku Mozambique, pamene aliyense amaganiza kuti nkhondo ikatha anthu abwerera. Anabwereradi. Koma a ku Congo, Burundi ndi Rwanda ena akhala kuno zaka zoposa 20, ndipo ku Congo kum'mawa mfuti sizinaleke. Kumayambiriro kwa 2025 gulu loukira boma la M23 linalanda mizinda ya Goma ndi Bukavu. Uvira ili m'chigawo chimodzi ndi Bukavu, cha Sud-Kivu, m'mbali mwa nyanja ya Tanganyika. Mwanayu tingamuuze kuti abwerere kuti?

Dzaleka inatsegulidwa ngati kampu mu 1994. Malowo anakonzedwera anthu 10,000 kapena 12,000, koma lero muli anthu oposa 50,000. Chinanso chimene ambiri sadziwa: kubadwira m'Malawi sikukupanga kukhala nzika. Unzika wathu umatsata kholo. Ndiye ku Dzaleka kuli anyamata ndi atsikana amene anabadwira konko, sanapondeko dziko lina, akuyankhula Chichewa kuposa ena a ife, koma chiphaso cha unzika sangachipeze.

Za sukulu: pali thandizo lotchedwa DAFI, la boma la Germany kudzera ku UNHCR (bungwe la United Nations loona za othawa kwawo), lolipirira othawa kwawo m'makoleji. Palinso la bungwe la ku Canada la WUSC lotengera ena kukaphunzira komweko. Omwe amapeza mwayi umenewu ndi ochepa kwambiri poyerekeza ndi omwe amakhoza mayeso.

Achisale Ndix:
Chabwino, za sukuluzo ndamva. Koma za msika zija sindibweza.

Mjoni wa ku Mbayani:
Amwene a Chisale, mawu amene mwalembawo ndinawamva ndi makutu anga ku Johannesburg, kungoti wonenedwayo ndinali ine. "Mukutilanda ntchito, mukutsitsa mitengo, bwererani kwanu." Mu 2008 anthu oposa 60 anaphedwa m'ziwawa zija. Mu 2015 zinayambiranso ku Durban, mpaka boma lathu linachita kutumiza mabasi kukatenga anthu, ena anafikira muno mu Blantyre opanda ngakhale chikwama.

Ndiye amayi a Nangondo, za kudula foni m'minibasi musadabwe nazo. Ine ndimatero m'takisi. Mkazi wanga akaimba ndimangoyang'ana foni ikulira mpaka isiye. Nthawi ya ziwawa anyamata amaimitsa munthu n'kumufunsa maina a ziwalo za thupi m'Chizulu, ukalephera wapezeka. Sindinkachita manyazi ndi Chichewa ayi. Ndinkafuna kufika kunyumba wamoyo. Mwana wanuyo mwina si manyazi, ndi mantha. Ndipo mantha ake ali ndi pochokera. Kumbukirani 2023.

Nasibeko Bangwe:
Zoona. Boma linapereka tsiku la 15 Epulo kuti onse akhale atabwerera ku kampu, ndiye mu Meyi apolisi ndi asilikali anayamba kugwira anthu ku Lilongwe. Ena anakasungidwa kaye ku ndende ya Maula, amayi ndi ana omwe, asanawapititse ku Dzaleka. Ana anasiyira sukulu panjira. Mtsikanayu nthawi imeneyo anali wamkulu ndithu, anawaona anthuwo akutsitsidwa m'magalimoto. Ungamuuze bwanji kuti asaope?

Aphunzitsi Opuma (Chilomoni):
Ndawerenga zonse mofatsa. Ine kwathu ndi ku Nsanje, ndipo ndinayamba uphunzitsi nthawi imene nkhondo ya Frelimo ndi Renamo inali pachimake. Achinyamata apagulu pano mwina simudziwa kuti dziko lino, losauka chomwechi, linasunga anthu a ku Mozambique oposa 1 miliyoni, pamene ife eni ake tinali cha m'ma 8 miliyoni. Ku Nsanje alendo anachuluka kuposa eni mudzi. Mankhokwe, Nyamithuthu, kukwera mpaka ku Mwanza, Ntcheu ndi Dedza, kulikonse kunali misasa. Ambiri sanafikire n'kumsasa komwe, anafikira m'makomo mwa anthu, mafumu n'kuwapatsa podula udzu ndi pomanga.

Sindinama kuti zonse zinali zokoma. Mitengo inatha, nkhuni zinasowa, pamjigo pamakhala mikangano, ndipo anthu amadandaula kuti alendo akulandira ufa ndi nyemba pamene mwini mudzi wagona ndi njala. Madandaulo a a Chisale si achilendo kwa ine. Koma m'kalasi mwanga ndinaona chinthu chimodzi chimene sindidzaiwala. Mwana amene amabisa kwawo amavutika kawiri: amaphunzira masamu, kwinaku akulondera pakamwa pake kuti pasatuluke liwu lomuulula. Amatopa msanga, sacheza, safunsa mafunso. Amene anapeza munthu mmodzi yekha womudziwa bwinobwino n'kumulandira, ngakhale ena onse asadziwe, amakhazikika mtima ndipo amakhoza.

Ndiye mayi, musamutume kukalengeza kukoleji. Yambani ndi m'nyumba mwanu. Foni ya mayi ake aziyankhira pabalaza, mokweza, inu muli pomwepo. Mupempheni akuphunzitseni moni wa kwawo kuti tsiku lina mudzawalonjere mayi akewo nokha. Akaona kuti m'nyumba mwanu Chiswahili sichitsekeredwa kuchipinda, za kunjazo adzasankha yekha nthawi yake.

Mtendere wa ku Mozambique unasainidwa ku Rome mu Okutobala 1992 ndipo ambiri anabwerera m'zaka zotsatira. Koma onani, mu 2016 ena anabweranso ku Kapise ku Mwanza mpaka kampu ya Luwani ku Neno inatsegulidwanso, ndipo kumapeto kwa 2024 ena anaolokeranso ku Nsanje chifukwa cha ziwawa za chisankho. Nkhani imeneyi sidzatisiya.

Mwana wa ku Mutarara:
Aphunzitsi, mwandiliza. Ine ndine mmodzi mwa ana amenewo, kungoti ndinabadwira kuno. Mayi anga anachokera ku Mutarara, anaoloka ali mtsikana, anakwatiwa ndi bambo anga a ku Chikwawa. Anzawo akubwerera iwo anatsala. Titasamukira ku Chirimba anatiletsa kutchula zoti iwo ndi a ku Mozambique. Poti Chisena ndi chimodzi mbali zonse ziwiri za malire, palibe anadziwa. Amaopa kuti awathamangitsa, ngakhale anali pabanja ndi Mmalawi.

Mayi anamwalira. Lero ndili ndi ana anga, akundifunsa kuti agogo kwawo kunali kuti, anali ndi abale angati, mudzi wawo dzina lake ndi chiyani. Ndilibe choyankha. Ndikudziwa Mutarara basi. Pamaliro awo kuchimuna kunadzaza, kuchikazi kunalibe ndi mmodzi yemwe woti ayankhule. Chinthu chimenechi chimandiwawa mpaka lero.

Amayi a Nangondo, kubisa kumateteza lero koma kumadula mizu ya ana a mawa. Kaya anzake akukoleji adziwa kaya sadziwa, zimenezo n'zazing'ono. Chachikulu mumuuze akhale pansi ndi mayi ake akadali moyo, alembe m'kope maina a agogo ake, mudzi, mtundu wawo, abale a bambo ake, nyimbo zimene amamuimbira ali khanda. Asadikire.

Nangondo wa ku Zingwangwa:
Achemwali, pepani kwambiri. Zimenezi sindinaziganizeko. Ndimuuza ndithu.

Wa Maule Weniweni:
Ine ndingoonjezera kuti amene sanafikeko ku Dzaleka apiteko nthawi ya Tumaini Festival. Chikondwererochi anachiyambitsa mu 2014 ndi mlakatuli wa ku Congo, Menes la Plume, amenenso anali wothawa kwawo. Kulowa ndi ulere, oimba a kuno kwathu amakaimba limodzi ndi a mu kampu, ndipo alendo amagona m'nyumba za anthu a momwemo. Ine ndinapita ndi maganizo oti ndikaona anthu ongokhala kudikira thandizo. Ndinapeza matelala, okonza mafoni, achinyamata ophunzira kompyuta, malo odyera chapati ndi nyemba, matchalitchi osawerengeka. Mnyamata amene anandisunga amadziwa osewera a Bullets kuposa ine. Nditamufunsa ngati amafuna kubwerera ku Burundi anati sakudziwako aliyense, anachokako ali kumsana.

Achisale Ndix:
Ndiye mukufuna kunena kuti titsegule zipata aliyense alowe m'tauni? Dziko lake liti limachita zimenezo? Ndalama yathu yagwa, mafuta akusowa, ntchito kulibe. Tisamanamizane.

Naphiri wa ku Limbe:
Alipo maiko otero, a Chisale. Uganda ikusunga othawa kwawo oposa 1.5 miliyoni, ndipo amaloledwa kuyenda, kugwira ntchito, ena amapatsidwa kamunda. Mavuto aliko, koma dziko silinagwe. Palibenso akunena kuti pasakhale kalembera kapena msonkho. Munthu akhale ndi chiphaso, alembetse bizinesi yake, alipire msonkho ngati inu. Zimene zilipo panozi ndi zoti munthu amene akanatha kudzidyetsa yekha tikumuumiriza kukhala pamzere wa thandizo, pamene thandizolo likuchepa. Mu 2023 bungwe la United Nations loona za chakudya la WFP linadula pakati chakudya cha anthu a ku Dzaleka chifukwa chosowa ndalama. Munthu wamuletsa kugwira ntchito, chakudya chachepa, ukuyembekeza kuti atani?

Agogo a ku Chilobwe:
Ana anga, ine sindidziwa za malamulo. Ndikudziwa za namondwe wa Freddy. Madzi ndi miyala zitatsika m'phiri la Soche mu Malichi 2023, nyumba yanga inapita, ndinakagona m'kalasi pamodzi ndi anthu osawadziwa. Kulemba dzina, kuima pamzere, kulandira ufa ndi ndowa, kusamba anthu akukuona. Ndinali m'dziko langa, m'tauni yanga, koma ulemu wanga unatha. Ife tinatulukamo patapita nthawi yochepa. Mwana ameneyu wakulira m'moyo umenewo. Akafika pamalo poti anthu akumuona ngati munthu wamba, osati wa pamzere, mukudabwa kuti sakufuna kutchula za kampu? Musiyeni apume kaye.

Aphunzitsi Opuma (Chilomoni):
Agogo anena zoona. Ndipo tisaiwale kuti Dzaleka yomweyo isanakhale kampu inali ndende, nthawi ya chipani chimodzi. Amalawi anzathu anazunzikira momwemo, kuphatikizapo a Mboni za Yehova, omwe chipembedzo chawo chinaletsedwa mu 1967. Mu 1972 zikwi za a Mboni zinathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Ena anathawa pambuyo pa mkangano wa nduna wa 1964 n'kukakhala ku Tanzania ndi ku Zambia zaka zambiri, ana awo n'kukulira komweko. Ifenso tinakhalapo othawa kwathu, ndipo anthu ena anatisunga.

Woyang'anira gulu:
Ndachotsa ndemanga ziwiri za munthu amene amafunsa dzina la koleji ndi dera lenileni la nyumba. Pano sitisaka munthu. Wobwereza ndimutulutsa. A Chisale akutsutsa mwaulemu, amenewo apitirize.

Nangondo wa ku Zingwangwa:
Zikomo a woyang'anira. Abale, usiku wathawu ndinamuonetsa mwanayu zonse zimene mwalemba. Anawerenga mpaka kumapeto, ndiye wapempha kuti ayankhe yekha. Zotsatirazi ndi mawu ake, akulemba pafoni yanga.

Moni makolo anga nonse. Zikomo chifukwa chondiganizira ngakhale simundidziwa.

Ndikufuna ndinene kaye kuti ndikamati kwathu ndi ku Dowa sindinama. Uvira ndimaikumbukira pang'ono: nyanja, nsomba zimene amayi amakazinga, ndi usiku umene tinathawa. Zina zonse zimene ndikudziwa ndinaziphunzira ku Dowa. Kuwerenga ndinaphunzirira kumeneko, chinamwali changa chinandipezera kumeneko, mng'ono wanga amene anamwalira ali wakhanda anaikidwa kumeneko. Nyimbo ya fuko imene ndinaimba pa asembule m'mawa uliwonse ndi ya Malawi. Ya ku Congo sindiyitha yonse. Ndikalota, anthu a m'malotomo amayankhula Chichewa.

Chimandivuta ndi funso lachiwiri. Munthu ukati Dowa amafunsa kuti mudzi uti, mfumu yake ndani, ndiwe mwana wa ndani. Fomu iliyonse imafuna mudzi, mfumu yaikulu ndi boma. Pamenepo ndiye ndimasowa cholemba. Tsiku la pamaliro lija sindinalire chifukwa amayi aja anandilakwira, anafunsa mwachikondi. Ndinalira chifukwa ndinkafunitsitsa ndikanakhala ndi yankho.

Ndikapita ku kampu patchuthi, anzanga amati ndasanduka Mmalawi, ndikudzimva. Amayi amandidzudzula kuti Chiswahili changa chalowa Chichewa, ndiponso kuti chilankhulo cha mtundu wathu ndikungomva koma kuyankha sinditha. Ndikabwera kuno ndimaopa kuti akadziwa andiona mwina. Ndinamvapo anzanga m'kalasi akunena kuti anthu a ku Dzaleka ndi akuba ndiponso osunga mfuti, ine ndili pakati pawo, tikudyera limodzi chipisi. Ndinangoseka nawo. Usiku umenewo sindinagone.

Bambo Chisale, sindikukwiyirani. Amayi anga anali ndi kabenchi ka tomato ndi anyezi kunja kwa kampu, kanathandiza kundigulira makope ndi yunifolomu. Mu 2023 anakasiya. Ndikudziwa kuti nanunso mukuvutika kulera ana anu. Chimene ndikupempha n'choti mukamanena za ife muzikumbukira kuti si tonse a ku Burundi, si tonse a mashopu, ndipo palibe mwana amene anasankha kuthawa.

Koma kunena zoona, chimene chimandiopsa kwambiri si zoti anzanga adziwa. Ndi tsiku lomaliza sukulu. Kalata yanga ikundilola kukhala kuno chifukwa cha maphunziro. Ndikamaliza ndiyenera kubwerera ku kampu ndi dipuloma yanga, kukakhala m'chipinda chimodzi ndi amayi ndi alongo anga, kudikira mwina dzina lathu lidzatuluke kuti tipite ku dziko lina. Ena adikira zaka 15 osatuluka. Ine sindikulakalaka Canada kapena America. Ndikufuna kugwira ntchito kuno, kulipira msonkho kuno, kuchitira amayi lendi kanyumba kokhala ndi mpopi. Anzanga akukambirana kumene akafunsire ntchito, ine ndimangokhala chete.

Za kope zija anena amayi a ku Chirimba ndichita pa tchuthi chikubwerachi. Ndipo pali mnzanga mmodzi amene ndikuganiza zomuuza. Mundipempherere.

Nasibeko Bangwe:
Mwanangu, ndalira. Mnzakoyo umuuze muli awiri, pamalo podekha. Akakhala mnzako weniweni sasintha. Ndipo usadzasekenso nawo akamanyoza anthu ako. Sukuyenera kudziulula, ungonena kuti "ine ndimawadziwa anthu a kumeneko, si momwe mukuneneramo." Ndiwe wa ku Dowa, uli ndi ufulu wonena zimenezo.

Achisale Ndix:
Mwana iwe, ndakumva. Za iwe ndilibe nazo mawu. Wakulira kuno, waphunzira kuno, boma likuyenera kuona za ana ngati iwe mosiyana. Koma za akuluakulu obwera ndi makontena a katundu, maganizo anga ndi omwe aja.

Mjoni wa ku Mbayani:
Nanga mayi ake a kabenchi ka tomato aja, amwene, ali mbali iti? Si a kontena, si mwananso. Lamulo lija linawasesa onse limodzi.

Achisale Ndix:
Pamenepo mwandifunsa funso lovuta. Kabenchi ka tomato sikangandiphere bizinesi ine. Mwina pakanakhala malire, kuti wa geni yaing'ono asiyidwe, wa ndalama zambiri atenge chilolezo ngati mlendo wina aliyense. Koma ndani angalondoloze zimenezo popanda ziphuphu?

Naphiri wa ku Limbe:
Limenelo ndi funso loyenera kufunsa aphungu athu, chifukwa nkhani younikanso lamulo la 1989 yakhala ikukambidwa ndipo mabungwe monga Inua Advocacy akhala akuikankha. Lamulo silisintha lokha ngati eni dziko sitiyankhula. Anthu a ku Dzaleka savota, ife timavota.

Kwa iwe mwanangu, zinthu ziwiri. Kalata yako yokulola kukhala kunja kwa kampu usamayende ndi yeniyeniyo paliponse, jambulitsa, ina isunge mufoni, ndipo uziona tsiku lothera lisanakwane. Chachiwiri, usadikire kumaliza sukulu kuti uyambe kufunsa za ntchito. Panopa wothawa kwawo amafunika chilolezo cha ntchito ngati mlendo wina aliyense, ndipo wolemba ntchitoyo ndi amene amapempha. Ndi njira yovuta ndiponso yodula, koma pita ukafunse ku ofesi yoona za othawa kwawo ndi kwa amene akukulipirira sukulu, akuuze zimene ena omaliza maphunziro anachita. Mabungwe ogwira ntchito mu kampu, monga JRS imene imayendetsa sukulu kumeneko, amagwiritsanso ntchito othawa kwawo, ngakhale malipiro ake ndi ochepa.

Bambo a Yamikani (Machinjiri):
Ndimangowerenga osalemba, koma lero ndilembe. Ndili ndi kaofesi kakang'ono kothandiza amalonda kusunga mabuku a ndalama ndi kulemba za msonkho. Ngati kukoleji kwake amafuna kuti ophunzira akaphunzire ntchito pamalo ena asanamalize, abwere kwa ine. A Naphiri mundiuze ngati pakufunika kalata ina kuti tisalakwire lamulo. Amayi a Nangondo, ndilembereni kumbali.

Naphiri wa ku Limbe:
Kalata ichokere kukoleji, yonena kuti ndi mbali ya maphunziro ake, ndipo a ofesi yoona za othawa kwawo adziwitsidwe asanayambe. Musachite mwachinsinsi, zingadzamuvute mwanayo osati inu.

Nangondo wa ku Zingwangwa:
Bambo a Yamikani, ndakulemberani. Abale, madzulo ano waphika chigwada mwa kwawo, chosinja bwino, chothira mafuta ndi nsomba youma, akuti kwawo amati sombe. Mayi ake aimba tikudya ndipo wayankhira patebulo pomwepo. Ine ndangotha kunena moni, zina zonse amamasulira ndi iye. Mayiwo andiitana kuti ndikawaone. Ndaganiza zopita naye limodzi akatsekera. Amene mukudziwa njira, ndiuzeni kakweredwe kake, ndiponso ngati mlendo amafunika chilolezo polowa.

Wa Maule Weniweni:
Kwerani basi ya m'mawa pa Wenela kuti mukafike ku Lilongwe dzuwa likadalipo. Kuchoka pamenepo ndi makilomita pafupifupi 40: minibasi kapena matakisi a ku Dowa, kudutsa Lumbadzi, kukhota pa Dowa Turn-off, ndipo Dzaleka mumaipeza musanafike pa boma. Mpanda kulibe, anthu a m'midzi yozungulira amalowa ndi kutuluka tsiku lililonse, koma poti mukagona ndi bwino mwanayo akakuonetseni ku ofesi ya kampu mukangofika. Ngati mungathe kafikeni Lolemba, chifukwa Lachiwiri ndi tsiku la msika waukulu. Tenganinso juzi ndi chitenje chokhuthala, kumeneko ndi kumtunda, mphepo yake si ya ku Zingwangwa.